Mphindi Khumi Zimene Tinkadula

"Ndati abwerere kwa mwamuna wake, nkhani yatha!" anatero amuna anga, uku akumenya tebulo ndi chikhatho mpaka makapu a tiyi kulira.

"Yathera pakamwa panu pomwepo," ndinawayankha. "Tayang'anani dzanja la mwanayu. Chisamba, kweza mkono bambo ako aone."

Chisamba, mwana wathu woyamba, sanakweze. Anangokhala pampando wa pakona, dzanja lotupalo atalibisa m'juzi. Anali atafika m'mawa womwewo wapansi, patapata imodzi yoduka ili m'manja. Miyezi isanu ndi umodzi yokha m'banja, koma mwana anali atatha ngati wadwala chaka chonse.

"Dzanjalo lapanidwa ndi chitseko, si chibakera ayi," anatero bambo ake. "Ngozi imeneyo."

"Ngozi? Chitsekocho chimadzikankha chokha? Munthu popita kuntchito azikhomera mkazi m'nyumba ndi loko wakunja ngati mbuzi, inu n'kumati ngozi? Mwanayu wangoika dzanja kuti lero lokha asamutsekere, iwo n'kukankhabe. Pakadapanda oyandikana nawo kumva kukuwa, bwenzi ali momwemo mpaka pano. Mawindo onse ndi zitsulo zokhazokha. Moto utabuka m'nyumba imeneyo, atulukira pati?"

"Mkamwini ndi wowotcherera, zitsulo ndiyo ntchito yake. Akuteteza katundu wake."

"Katundu! Ine ndinabereka katundu?"

"Make Chisamba, chepetsa mawu. Anthu akumva."

"Amve! Si kumva komweko kumene amabwerera kuno tsiku ndi tsiku?"

Apa m'pamene Chisamba anadzutsa mutu.

"Amayi, musakangane chifukwa cha ine. Mwina wolakwa ndine. Iwo amati amanditsekera chifukwa amandikonda. Ngakhale mkazi wa mufilimu ija, uja wa diresi lofiira, anavutavuta koma pamapeto pake anagwada n'kupepesa. Si inu nomwe munamuyankhulira, amayi?"

Mayo ine! Ndine munthu wosachedwa kuyankha, funsani aliyense, koma apa mwanayo ankanena zoona. Amuna anga anamwetulira n'kupitiriza kumwa tiyi wawo.

Kuti mumvetse, ndikuuzeni za ntchito yathu. Kuseri kwa nyumba yathu kuli chinyumba cha malata momwe timaonetsa mafilimu masana alionse. Muli mabenchi khumi ndi awiri, kanema wamkulu kutsogolo, ndipo kumbuyo kuli kachipinda ka matabwa kokhala ndi kabowo koonerapo. M'kachipindamo muli maikolofoni awiri ndi kakanema kakang'ono. Mafilimuwo ndi akunja, choncho ife timatsitsa mawu ake n'kumawayankhulira anthuwo m'chiyankhulo chathu pomwepo, filimu ikuyenda. Amuna anga amayankhulira amuna, ine akazi. Anthu anawapatsa dzina loti a Chimkuza, chifukwa mawu awo safuna n'chimkuzamawu chomwe, ndipo amawatama kuti amamva ziyankhulo zisanu ndi ziwiri.

Zisanu ndi ziwiri zakutizo! Pansi pa chithunzi pamadutsa mawu olembedwa m'chiyankhulo chimene tinkaphunzira kusukulu. Amene amawerenga mawuwo pa kakanema kakang'ono ndine. Ndimawanong'oneza, iwo n'kuthira mchere ndi tsabola, n'kubangula. Sukulu anaisiyira panjira, ndipo mawu othamanga ngati amenewo sangawagwire. Pa kanema wamkulu wa anthu anamatapo chikatoni chachitali m'munsi mwake ndi selotepi, ati mawuwo amasokoneza maso. Zaka khumi ndi zisanu chikatonicho chili pomwepo, ndipo zaka khumi ndi zisanu ine ndasunga pakamwa.

Filimu imene ankanena Chisamba, bambo ake anaitcha *Loko wa Chikondi* pa bolodi la pakhomo. Muli mwamuna wa ndevu zosalala, wagalimoto, amene amatsekera mkazi wake m'nyumba yosanja. Akamakhoma chitseko, a Chimkuza amati, "Ndikukutsekera chifukwa ndimakukonda, duwa langa!" Anyamata amaimba malikhweru, azibambo n'kumagwedeza mitu. Kumapeto mkaziyo amagwada pambali pa bedi, ine n'kunena ndi mawu anga onjenjemera aja kuti, "Pepani amuna anga, wolakwa ndine." Pomwepo a Chimkuza amadina rimoti, n'kufuula kuti, "Yathera pano! Tulukani bwinobwino!"

Komatu filimuyo simathera pamenepo. Pamatsala mphindi khumi. Ndipo mkazi uja sagwadira munthu ayi, amagwada kuti asolole sutikesi pansi pa bedi.

Tsiku loyamba kuionetsa ndinakana zoidulazo. Iwo anati, "Amene amadzaza mabenchiwa ndi amuna. Mwamuna wanji angabwere kudzaonera mnzake akusiyidwa?" Ndinati chabwino, ndi filimu chabe, bola mtendere m'nyumba. Sindinaganizeko kuti kamtsikana kokhala pa benchi yakutsogolo, chala chili mkamwa, kakumeza zonsezo.

Patatha sabata mkamwini anabwera. Anavala malaya oyera, tsitsi atameta kumene, ndipo anakhala kunsonga kwa mpando ngati munthu wofatsa.

"Amayi, ine sindine munthu woipa," anatero. "Mwana wanuyu ndi wokongola kwambiri, ndiye vuto lake. Ine ndimakhala ku shedi tsiku lonse, maso ali pa moto. Ndidziwa bwanji amene akumupatsa moni pampopi?"

"Ndiye akamupatsa moni, inu mumachepa mbali iti?" ndinafunsa.

Anaseka pang'ono, n'kuyang'ana apongozi ake aamuna. "Paja bambo amanena okha mufilimu muja. Ndikukutsekera chifukwa ndimakukonda."

"Wamva?" anatero amuna anga, chifuwa chili patsogolo. "Mwamuna weniweni ameneyu. Tamverani mkamwini, dzanja lipole kaye. Loweruka la sabata yamawa mubwere masana. Ndidzaonetsanso *Loko wa Chikondi*, mudzakhale naye limodzi kutsogolo kuti mtima wake ufewe. Ikadzatha, mudzamutenge."

"Nanga loko uja?" ndinafunsa.

"Ndagula wina wofewa kutsegula, amayi," anayankha mkamwini mwaulemu wake wonse.

Ndinalowa kukhitchini ndisanachite zoti anthu adzandinene.

Madzulo ake ndinamupeza Chisamba akuanula zovala ndi dzanja limodzi. Ndinamuuza zonse, za sutikesi, za mphindi khumi, zonse kupatula za kuwerenga kwa bambo ake. Anandiyang'ana ngati wodwala ndine.

"Amayi, filimu imeneyo ndinaionera kasanu. Ndinakumvani ndi makutu angawa. Lero mwasintha chifukwa simukuwafuna amuna anga."

"Ndikulumbira, mwanawe. Ndinkanama."

"Ndiye ndidziwa bwanji kuti pano simukunama? Amayi, anzanga onse amati ndili ndi mwayi. Amati mwamuna wopanda nsanje ndiye kuti ali ndi wina kumbali. Ine ndikangokhala kuno, anthu aziti banja linamukanika."

"Akunene uli wamoyo!"

"Ndipita Loweruka, amayi. Musadzivute."

Ndinaona kuti pakamwa panga sipangamubweze mwanayu, chifukwa pakamwa pomwepo m'pamene panamupereka. Anafunika kuona yekha. Koma mafilimu onse amakhala m'bokosi lokhoma, makina oonetsera ali m'khola lazitsulo pansi pa kanema, limene anawotcherera mkamwini yemweyo, ndipo makiyi onse amalendewera pa lamba wa a Chimkuza.

Lachitatu lotsatira tinali awiri m'chinyumba muja tikusesa. Ndinaimika tsache.

"Bambo ake Chisamba, Loweruka tiionetse mpaka kumapeto."

"Wayambanso?"

"Ndikupempha. Mwana aone, asankhe yekha. Akafuna kupita ataona zonse, ine ndimunyamulira chikwama."

"Ndiye anthu adzati chiyani? Adzati a Chimkuza akhala akutinamiza zaka zonsezi. Ukufuna undivule pagulu?"

"Ndikufuna mwana wanga asakhale kuseri kwa loko."

"Iwe sukhala kuseri kwa loko, koma taona mmene wakulira pakamwa. Mkamwini wachenjera, wayamba msanga."

Ndinaseka, koma sikunali kuseka kwabwino. "Ine sindikhala kuseri kwa loko? Nanga kachipinda kaja? Ndani anati filimu ikatha ndizidikira anthu onse atuluke kaye? Ndani anati ndizilowera chitseko chakumbuyo? Alipo anthu akhala pa mabenchi awa zaka khumi osadziwa nkhope ya amene amawalizayo."

"Chifukwa ndimawamva! Ukangoti 'wokondedwa wanga' pa maikolofoni, chinyumba chonse chimati zii. Wina anachita kundifunsa pamaso panga kuti, 'Kodi mayi wa mawu okomawo ndi wokwatiwa?' Pamaso panga, ine mwini wake!"

"Ndiye munamuyankha kuti chiyani?"

"Ndinamuthamangitsa."

"Zaka makumi awiri ndi ziwiri, bambo. Munandionapo ndikuyang'ana mwamuna wina?"

"Sindinakupatse mpata."

Ha! Mawu amenewo anandilowa mpaka m'mafupa. Ndiye kuti kukhulupirika kwanga konseko, kwa iwo kunali kulimba kwa matabwa a kachipinda.

"Mukuopa chiyani kwenikweni?" ndinawafunsa.

"Ine kuopa? Ndiope ndani? Chinyumbachi ndinamanga ndine. Dzina lili pa bolodi ndi langa. Kapena ukuganiza kuti popanda iwe sindingayankhule?"

"Sindinanene zimenezo."

"Koma umaganiza! Ndimakuona ukamawerenga timawu tako tija, kakamwa kali kumwetulira. Umati, 'Taonani chitsiru ichi, chikudikira ndichidyetse.' Tsiku lina udzadzuka n'kuona kuti a Chimkuza ndi chitini chabe, udzanyamuka. Ndiye ndizikuonetsa mafilimu a akazi onyamula masutikesi? Ndapenga?"

Anatembenukira kukhoma n'kuyamba kukonza waya amene sanali woonongeka. Ndinawamvera chisoni, sindinama. Koma chisoni chimenecho ndi chimene chinandidyera zaka khumi ndi zisanu, ndipo tsopano chinkafuna kudya mwana wanga.

"Tamvera," anatero osandiyang'ana. "Loweruka ukadzasintha liwu limodzi lokha, udzatuluke m'nyumba mwanga tsiku lomwelo."

Ndinatola tsache langa n'kupitiriza kusesa.

Loweruka linafika, dzuwa likuswa mtengo. Pofika thuu koloko mabenchi onse anali atadzaza, ena ataima m'mbali mwa khoma, fungo la thukuta lili thoo. Ndikusuzumira pa kabowo ndinamuona Chisamba pa benchi yakutsogolo, chikwama chake chili pamiyendo, mkamwini atamukoleka dzanja paphewa. Amuna anga anatsegula khola, kuyatsa makina, kukhomanso, n'kubwera kudzakhala pambali panga. Rimoti anaiika pamalo pake pa thabwa. Pamene anawerama kuti amwe madzi, ine ndinaitsegula kumsana. Mabatire awiri analowa m'thumba la siketi yanga.

Filimu inayamba. Ndinagwira ntchito yanga monga mwa masiku onse, kunong'ona, kuyankhula, kulira pofunika kulira. Itafika pokhoma chitseko paja, a Chimkuza sanachite kumaliza okha. Chinyumba chonse chinawalandira mawu: "Chifukwa ndimakukonda, duwa langa!" Mkamwini anatembenuka n'kukweza chala chachikulu kuloza ku kachipinda kwathu.

Kenaka mkazi wa diresi lofiira analowa kuchipinda. Anaima pambali pa bedi. Anagwada.

Ine chete.

Amuna anga anandigunda ndi chigongono. "Nena!" ananong'ona.

Chete.

"Nena, iwe!"

Anatola rimoti n'kudina. Palibe chinachitika. Anadinanso, kuimenyetsa pachikhatho, kudinanso. Ine ndinavula maikolofoni, ndinakankha chitseko cha kachipinda, osati chakumbuyo chija ayi, cholowera kwa anthu. Ndinayenda pakati pa mabenchi osaima. Anthu ankafunsana kuti mayi ameneyu ndi ndani. Nditafika kutsogolo ndinagwira chikatoni chija ku nsonga n'kuchikoka ndi mphamvu zanga zonse. Selotepi wa zaka khumi ndi zisanu analira kuti kwee, fumbi kubuka.

Pa kanema, dzanja la mkazi uja linali pansi pa bedi. Linatuluka litagwira sutikesi.

"Aaa!" anatero wina kumbuyo. "Kodi ikupitirira?"

"Ikupitirira," ndinatero. Atangomva mawu anga, onse anandizindikira, phokoso n'kuzima. "Sinathepo pamenepa ndi kale lomwe. Mkaziyu sanapepesepo munthu. Amene ankapepesa ndine, ndipo lero ndaleka."

Amuna anga anatulukira akuthamanga, makiyi akulira m'manja, kulunjika ku khola la makina. Ine ndinaima patsogolo pake n'kutambasula manja.

"Choka!"

"Sindichoka. Ngati n'kundimenya, ndimenyeni pompano anthu anu aone. Mphindi khumi zokha, bambo ake Chisamba. Mwandidyera zaka, ine ndikupempha mphindi khumi."

Anakweza dzanja. Amayi atatu a pa benchi yachiwiri anaimirira nthawi imodzi. Dzanjalo linatsika pang'onopang'ono.

Tsopano mawu olembedwa ankadutsa poyera pansi pa chithunzi. Mkazi uja ankaponya zovala m'sutikesi, pakamwa pake pakuyenda.

"Chisamba," ndinatero, "sukulu unamaliza iwe. Ine sundikhulupirira, ndipo sindikukudandaula. Werenga wekha. Uza anthuwa zimene akunena."

Mwana anayang'ana ine, anayang'ana bambo ake, kenaka kanema. Mawu ake anatuluka aang'ono.

"Akuti... 'Nyumba ino ndaikolopa zaka zitatu, koma sindinakhalemo. Ndinkasungidwamo.'"

"Kweza mawu, mwana iwe!" anafuula mmodzi wa amayi aja.

"Akuti, 'Ndipatse kiyi. Ukakana ndidzera pawindo, koma kutuluka ndituluka.'"

Mwamuna wa ndevu zosalala uja analowa m'chipindamo. Anthu anali asanamuonepo chotero. Tayi ili pambali, maso ofiira, ndipo amene anagwada tsopano anali iyeyo, atagwira m'mphepete mwa diresi lofiira. Pakamwa pake pankayenda, koma m'chinyumba munalibe womuyankhulira.

"A Chimkuza!" anakuwa bambo wina. "Mwamunayo ndi wanu. Akuti chiyani?"

Amuna anga anayang'ana mawu aja akudutsa. Milomo yawo inagwedezeka, kuyesa kugwira liwu loyamba, koma lisanagwidwe linali litapita, kwabwera lina. Anayang'ana kwa ine monga amachitira m'kachipinda muja, kudikira ndinong'one. Mtima unandipweteka, koma ndinaluma mano. Sindinawaulule, komanso sindinawadyetse.

Amene anayankha ndi Chisamba, ndipo ulendo uno mawu ake anamveka mpaka kukhomo.

"Akuti, 'Usapite. Ine ndimaopa. Tsiku lililonse ndimaopa kuti ukatuluka, ukaona amuna ena, udzazindikira kuti ine si kanthu.'" Anapitiriza kuwerenga. "Mkaziyo akuti, 'Sindinafunepo wina. Amene wandionetsa kuti iwe si kanthu ndi loko wakoyo.'"

Anyamata a malikhweru aja ankangoyang'ana pansi. Bambo wina anatola chipewa chake n'kutuluka, akung'ung'udza kuti akazi a masiku ano aonongeka. Palibe anamutsatira.

Mkamwini anadzambatuka. "Zamkutu izi! Iwe, tenga chikwama tizipita." Anamugwira Chisamba pamkono, pamwamba penipeni pa potupa paja.

Chisamba sanachotse maso pa kanema.

"Filimu sinathe," anatero. "Ndisiyeni dzanja."

"Ndati tiye!"

"Inenso ndati ndisiyeni. Kasanu konse ndakhala ndikutulutsidwa muno isanathe. Lero ndiionera mpaka kumapeto. Inu ngati mwatopa, chitseko ndi icho, n'chosakhoma."

Amayi aja anaseka, chiseko n'kufalikira mabenchi onse. Mkamwini anayang'ana apongozi ake kuti amuthandize, koma a Chimkuza anali atakhala pansi pa simenti, atatsamira khola la makina, makiyi ali pamiyendo. Mkamwini anausiya mkono wa Chisamba. Potuluka anapunthwa pa benchi, ndipo m'thumba mwake munagwa loko watsopano, akadali m'pepala lake. Anamutola mwamsangamsanga n'kubulika panja.

Pa kanema mkazi wa diresi lofiira anatsika masitepe, sutikesi ikumumenya m'miyendo. Anatsegula geti yekha. Anaima pamsewu, mphepo ikumuuluzira tsitsi, basi inafika n'kumuimira. Mayina a opanga filimu anayamba kukwera, ndipo kwa nthawi yoyamba anthu anatuluka m'chinyumba chathu popanda wowauza kuti yathera pano.

Tinatsala atatu.

"Wandivula," anatero amuna anga, mawu aja a chimkuzamawu atasanduka a munthu wamba. "Ndinakuuza kuti utuluka m'nyumba mwanga."

"Munandiuza. Mukafuna ndituluke, mudzandiuzenso mawa mutagona. Koma ndikatuluka ndidzera khomo lakutsogolo, ndipo mwanayu ndipita naye. Ndikakhala, ndiziwerenga zimene zalembedwa, mpaka kumapeto. Musankhe."

Anatola chikatoni chija n'kumangochitembenuza m'manja.

Chisamba anali akadali pa benchi, misozi itauma m'masaya. Ndinakhala pambali pake.

"Amayi, zaka zonsezi munkadziwa?"

"Ndinkadziwa."

"Tsiku la ukwati wanga munkadziwa?"

"Ndinkadziwa, mwanawe. Ndinakugwaditsa ndine."

Ndinayembekeza kuti andikalipire, ndipo ndikadalandira. Sanandikalipire, komanso sananene kuti wandikhululukira. Anaimirira, n'kukweza chikwama chake chija chimene analongedza m'mawa kuti apite nacho kwa mwamuna, n'kundipatsira.

"Tandinyamulirani mpaka kuchipinda kwanga," anatero. "Dzanjali likupwetekabe."